Ekita safa, nanga ujeni uja? Za Lily Banda ndi ntchito yoima pambali

Amene tinakulira m'mavidiyo sho a pa Mbulumbuzi, pa Namadzi kapena pa Namitambo timadziwa lamulo limodzi: ekita safa. Amuwombere kangati, agwe kuchokera pamwamba pa nyumba yosanja, adzuka basi, n'kusasa fumbi. Koma kaya munayamba mwaganizapo kuti dzina loti "ekita" ife tinalipereka kwa munthu mmodzi yekha m'filimu yonse? Ena onsewo, kaya ndi mkazi wake, kaya ndi mnzake uja amafa pakatikati kuti ekita apse mtima, tinalibe nawo dzina. Pofotokozera anzathu amene analibe ndalama yolowera tinkangoti "ujeni uja".

Lero ndikulemba za ujeni uja. Ku Britain ntchito imeneyi ili ndi ulemu wake, ili ndi mphoto yakeyake ku BAFTA, ndipo kuli anthu amene akalambira nayo osakhalapo mwini filimu. Pa Chichewa ndingoti wothandizira, kapena woima pambali. Wandichititsa kulemba ndi Lily Banda, Mmalawi mnzathu, amene m'chaka chimodzi, 2019, anaoneka m'filimu ya ku Britain komanso m'sewero la pa TV la komweko, konse kuwiri ataima pambali pa anthu ena.

Kwa amene inakuphonyani: The Boy Who Harnessed the Wind inatuluka pa Netflix pa 1 March 2019, itaonetsedwa kaye ku Sundance mu January chaka chomwecho. Inachokera m'buku la 2009 la William Kamkwamba ndi Bryan Mealer, lofotokoza za mnyamata wa kwa Wimbe ku Kasungu amene anasiya sukulu chifukwa cha fizi nthawi ya njala ya 2001 mpaka 2002, n'kupanga makina oyendera mphepo kuchokera ku zitsulo zotayidwa. Analemba ndi kuwongolera filimuyi ndi Chiwetel Ejiofor, wobadwira ku London kwa makolo a ku Nigeria, ndipo iye yemweyo anakhala bambo Trywell. William anali Maxwell Simba wa ku Kenya. Mayi Agnes anali Aïssa Maïga wa ku France, wobadwira ku Dakar. BBC Films ndi BFI anaikapo dzanja, ndipo Britain inaisankha kuti ikaiimire ku Oscar pa gawo la mafilimu a zinenero zina, ngakhale sinafike pa ndandanda womaliza. Taganizani, filimu yoimira dziko la Britain, koma mbali yaikulu akuyankhula Chichewa. M'banja la a Kamkwamba la m'filimumo, pa anthu anayi akuluakuluwo, Mmalawi anali mmodzi: Lily Banda, amene anakhala Annie, mlongo wake wa William.

Ine ndinaionera koyamba ndili kukoleji, pa laputopu ya mnzanga, titadzadzana m'kachipinda ka anthu awiri. Sindinama, theka loyamba tinaliphonya chifukwa cha phwete. Aliyense amafuna kutsanzira Chichewa cha Ejiofor. Kachiwiri ndinaionera kumudzi pa holide, pakhonde, foni itatsamira ndowa, amayi ali pamkeka, achemwali anga akusenda nandolo. Amayi sadziwa kuti Ejiofor ndi ndani, za 12 Years a Slave sanamvepo. Anangomvetsera mwakachetechete mpaka Annie atatsegula pakamwa. Pamenepo anati, "Koma uyu yekha ndiye mwana wa kuno. Enawa ndi alendo, angophunzira moni."

Amayi ananena m'mawu ochepa zimene ine ndikanazilembera masamba atatu. Chichewa si mawu okha. Ndi kakwezedwe ndi katsitsidwe ka liwu. Mtengo wa mango ndi mtengo wa shuga timalemba chimodzimodzi, koma khutu la Mmalawi silisokonezeka. Munthu atha kuloweza chiganizo chonse osaphonya chilembo, koma akaika mphamvu polakwika, timamva mlendo. Ndipo sindikunyoza. Ejiofor akanatha kuijambula ku South Africa m'Chingelezi chokhachokha, dziko lonse osadandaula. Anasankha Kasungu, anasankha Chichewa, ndipo anavutikira. Ulemu umenewo ndimupatsa. Koma zotsatira zake n'zakuti kwa woonera wa ku London filimuyi ili ndi ekita wake, William, pamene kwa woonera wa ku Chiradzulu ili ndi munthu wina amene akuigwirizira kuti isagwe. Nthawi iliyonse Annie akayankhula, nyumba ija imasanduka nyumba yeniyeni ya Amalawi. Akatuluka, timabwerera kuwerenga timawu tapansi kuti timve chinenero chathu chomwe.

Ndiye ntchito ya Lily Banda inali pawiri. Yoyamba ndi yomwe inalembedwa: kukhala Annie. Yachiwiri sinalembedwe paliponse: kutitsimikizira ife eni chinenero kuti banjali ndi lathu. Palibe mphoto ya ntchito yachiwiriyi, chifukwa opereka mphoto saimva n'komwe.

Tiyeni tione yoyambayo. Annie ndi mtsikana wanzeru amene maso ake ali pa yunivesite. Makolo ake amamufunira zimenezo, koma m'nyumba mulibe ndalama. Ali pachibwenzi chachinsinsi ndi mphunzitsi wa sayansi, a Kachigunda, amene anaseweredwa ndi Lemogang Tsipa wa ku South Africa. Chinsinsi chimenechi ndi chomwe William amagwiritsa ntchito poopseza mphunzitsiyo kuti azimulola kulowa m'kalasi ndi mulaibulale atathamangitsidwa chifukwa cha fizi. Njala itafika povuta, banja likudya kamodzi patsiku, Annie amathawa ndi mphunzitsi uja, n'kusiya kalata yosonyeza kuti wachoka kuti pakamwa pamodzi pachepe. Ndipo dayinamo ya panjinga ya mphunzitsiyo, imene William amaifunitsitsa, imatsala m'manja mwa William.

Tawerenganinso ndime imeneyo. Khomo la laibulale analitsegula ndi mbiri ya Annie. Dayinamo inabwera ndi ulendo wa Annie. Chakudya chimene William anadya m'masabata otsatirawo, gawo lina linali la Annie. Mphepo inali yaulere, eya, koma china chilichonse pa makina aja wina analipira, ndipo amene analipira kwambiri sanaimepo pamene madzi amatuluka.

Chimene ndimakonda pa kaseweredwe ka Lily Banda n'chakuti sapempha chifundo. Atsikana ovutika m'mafilimu ambiri onena za Africa amakhala ngati chithunzi cha pa kalendala ya bungwe, maso aakulu, misozi yokonzeka. Annie wake ali ndi mkwiyo, ndipo mkwiyowo uli ndi nzeru. Akamayang'ana bambo ake, mumaona mwana amene wawerengera kale matumba a chimanga n'kupeza kuti masamu a bambo sakutuluka, koma mwambo ukumuletsa kunena. Ife timaidziwa nkhope imeneyo. Ndi nkhope ya mtsikana amene wagwada popereka madzi koma mumtima waimirira. Pamene afika pophulika n'kukangana ndi amayi ake, amayiwo n'kumuuza kuti angalolere kudula mkono wawo kuti amudyetse, ambiri amatamanda Aïssa Maïga, ndipo n'zoyenera. Koma mawu olemera ngati amenewo amafuna wowalandira. Onerani nkhope ya Annie pamenepo. Sakugonja, sakupepesa, koma china chake chathyoka. Mukangoona nkhopeyo mumadziwa kuti mtsikanayu achoka, osati chifukwa sakukondedwa, koma chifukwa waona kukula kwa chikondicho n'kuchiopa.

Sindikuti zonse zili bwino. Pali malo amene liwu lake limakwera msanga, ngati munthu wozolowera siteji amene akufuna a kumbuyo kwa holo amve, pomwe kamera ili pafupi ndipo ikanamva ngakhale kunong'ona. Koma vuto lalikulu si lake, ndi la amene analemba. Chibwenzi cha Annie ndi mphunzitsi anachijambula mopyapyala. Sitipatsidwa mpata wofunsa funso limene Mmalawi aliyense angafunse: mphunzitsi wapantchito ndi mtsikana wa m'nyumba ya njala, kodi apa pali kusankha kwenikweni? Ndipo Annie akachoka, kamera simutsatira. Imatsala ndi owerenga kalata. Sitimuona panjira, sitimuona akucheuka. Filimu imamugwiritsa ntchito monga mmene banja linamugwiritsira ntchito, kenako imapitiriza ulendo wake kwa mnyamata. Apa ndi pamene ndimasiyana maganizo ndi Ejiofor. Anali ndi nkhani ziwiri m'manja, ya mwana amene anapulumuka ndi ya mwana amene anapulumutsa, koma yachiwiriyo anaidula mchira.

Chaka chomwecho Lily Banda anaonekanso mu Deep State, sewero la akazitape la ku Britain lopangidwira Fox, m'chigawo chake chachiwiri, momwe munali Walton Goggins ndi Joe Dempsie. Kumeneko anali Aïcha Konaté, womasulira wa ku Mali amene amayenda ndi asilikali a ku America. Asilikaliwo atachitidwa chiwembu, dziko limauzidwa kuti naye wafa, chonsecho ali moyo ndipo akudziwa zimene akuluakulu sakufuna kuti zimveke. Ndi sewero lothamanga, la mfuti ndi mafoni obisa, losiyaniratu ndi fumbi la kwa Wimbe. Koma taonani kufanana kwake. Kachiwirinso ndi mkazi wa ku Africa amene nkhani yonse yatsamira pa iye, koma eni nkhani ndi ena. Kachiwirinso ndi mlatho pakati pa zinenero. Ndipo pali kenakake koseketsa: ku Kasungu alendo anasewera Amalawi, ku Deep State Mmalawi anasewera munthu wa ku Mali. Ndiye tisanaseke kwambiri Chichewa cha Ejiofor, tikumbukire kuti mwina ku Bamako wina anatcheranso khutu kwa mwana wathu. Imeneyi ndiyo ntchito ya zisudzo, kuvala moyo wa wina. Funso si lakuti mlendo asasewere Mmalawi. Funso n'lakuti, mwa maudindo akuluakulu, ndi angati amene amafika kwa ife?

Kuti timvetse chimene ntchito yoima pambali ingakhale ikapatsidwa zaka, tiyang'ane bambo amene anakhala mfumu Wimbe m'filimu yomweyi. Ndi Joseph Marcell. Ambiri timamudziwa ngati Geoffrey, wantchito wa m'nyumba wa pakamwa pakuthwa mu The Fresh Prince of Bel-Air, kuyambira 1990 mpaka 1996. Anabadwira ku Saint Lucia mu 1948, anakulira ku London, anasewera ndi Royal Shakespeare Company, anaonekanso mu Empire Road ya BBC chakumapeto kwa zaka za m'ma 1970. Atakula anadzakhala King Lear ndi gulu la Shakespeare's Globe. Mu The Boy Who Harnessed the Wind amaoneka malo owerengeka chabe, koma ndani angaiwale pamene mfumu imaimirira pamsonkhano wa pulezidenti n'kunena poyera kuti anthu ake akufuna chakudya, kenako anyamata a bwana n'kuikokera kuseri kukaimenya? Chichewa chake n'cha mlendo, koma kaimidwe kake n'ka mfumu. Amadziwa kulowa, kusiya chizindikiro, n'kutuluka osalanda filimu ya mwini. Luso limenelo silibwera ndi filimu imodzi. Ndi la zaka zoposa 40.

Chimodzimodzi Noma Dumezweni, amene anakhala mayi woyang'anira laibulale. Mu 2017 analandira mphoto ya Olivier, pa gawo lomweli la othandizira, chifukwa chosewera Hermione mu Harry Potter and the Cursed Child ku London. Kwa Wimbe anabwera kudzangotsegulira mwana chitseko cha mabuku, basi.

Anthu awiriwa akutiphunzitsa kuti ntchito ya wothandizira imakula ndi kubwerezabwereza. Lero dokotala pa TV, mawa mfumu pasiteji, mkucha liwu pa wailesi. Ku Britain kuli makwerero otero: sukulu za zisudzo, nyumba za zisudzo m'mizinda, BBC, owafunira ntchito, ndi bungwe lawo la Equity lowamenyera malipiro. Munthu atha kukhala moyo wonse pa makwererowo osafika pamwamba, koma osagwanso. Kwathu kuno wosewera amadikira filimu ya alendo ngati mvula ya chizimalupsa. Ikagwa, tonse timaimba nthungululu pa Facebook kuti mwana wathu watikweza. Ikapita, timabwerera ku ma skit a pa TikTok. Lily Banda anayamba kudziwika ngati woimba, pa dzina loti Alex, ndipo zimenezi sizodabwitsa. Waluso wa ku Malawi amayenera kukhala ndi makasu angapo, chifukwa munda umodzi sumudyetsa.

Pali ngozi inanso. Woima pambali sasankha nkhani, amangoilowa. Kumbukirani Eugene Khumbanyiwa, Mmalawi amene anakhala Obesandjo, mkulu wa zigawenga za ku Nigeria, mu District 9 ya 2009. Anasewera moopsa zedi, mpaka boma la Nigeria linakwiya n'kupempha kuti filimuyo isaonetsedwe m'dziko mwawo. Luso linali lake, koma chithunzi cha munthu wakuda wodya nyama ya zolengedwa zachilendo anachijambula ndi ena. Pamene ekita amakambirana za nkhani ndi mwini filimu, wothandizira nthawi zambiri amalandira masamba ake atatu n'kuthokoza.

Komatu luso loima pambali si lachilendo kwa ife. Tinali ndi Izeki ndi Jakobo. Tonse tinkaseka zopusa za Izeki, malemu John Nyanga, koma amene ankamutchera mpira anali Jakobo, malemu Eric Mabedi. Chotsani kudabwa kwa Jakobo, chotsani kaleredwe kake ka nkhani, muone ngati nthabwala ya Izeki ingatere. Ngakhale pabwalo la gule, maso onse amakhala pa wovina, koma oimba ng'oma akasokoneza, kapena amayi akaleka kuwomba m'manja, wovinayo amangooneka ngati munthu wothamangitsidwa ndi njuchi. Timadziwa zonsezi. Chomwe tilibe ndi chizolowezi chowatchula mayina.

Ife a ku Chiradzulu tikanayenera kuidziwa bwino nkhaniyi. Chaka chilichonse pa 15 January magalimoto amakhamukira ku PIM, ndipo dzina limamveka ndi limodzi, John Chilembwe. Nkhope yake ili pa ndalama. Koma ndi angati a ife amene angafotokoze za mayi Ida Chilembwe, kapena za David Kaduya amene anatsogolera nawo nkhondo ya 1915, kapena za Dr Daniel Malikebu amene anadzatsegulanso mishoniyo mu 1926? Mbiri yathu nayonso timaionera ngati vidiyo sho: ekita mmodzi, ena onse ujeni. N'chifukwa chake chosema cha Samson Kambalu chotchedwa Antelope, chimene chinaikidwa pa Trafalgar Square ku London mu September 2022, chimandisangalatsa. Anachitenga pa chithunzi cha 1914 cha Chilembwe ndi mmishonale wachizungu John Chorley. Chilembwe anamukulitsa, atavala chipewa chake, Chorley n'kumusiya wamng'ono pambali pake. Pakati pa London, mzungu ndiye anakhala wothandizira. Kambalu anaonetsa kuti kukula ndi kuchepa kwa munthu m'nkhani si chibadwa. Pali wina amene amasankha.

Ndiye ngati pali wosankha, pempho langa likupita kwa osankha a kwathu. Tili ndi anthu amene asonyeza kuti filimu ya Chimalawi itheka: Shemu Joyah ndi Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ndi The Road to Sunrise, komanso Joyce Mhango Chavula amene filimu yake Lilongwe inapambana ku AMVCA mu 2016. Sitingadikire kuti London idzatilembere nkhani ya Annie. Siidzalemba, ndipo si udindo wake. Nkhani ya mtsikana amene anakwera njinga ya mphunzitsi m'bandakucha, mimba ili pululu, ndi yathu. Wosewera woti aisenze alipo kale, tamuona.

Ndibwerere pakhonde paja. Filimu itatha, madzi atatuluka, amayi anapita kukagona. Ine ndinayamba kulongosola zanzeru zanga za kukoleji, kuti m'moyo weniweni makina oyamba a William anayatsa mababu, zopopa madzi zinabwera pambuyo, ndiponso kuti anadzamaliza maphunziro ku Dartmouth ku America mu 2014. Achemwali anangoti, "Nanga mtsikana uja anathera kuti?" Ndinayamba kuyankha, koma anandidula. "Ayi, ndangofunsa." Anatenga lichero lawo n'kulowa m'nyumba.

Achemwali anga anasiyira sukulu folomu 2. Chaka chimenecho ndalama ya nandolo inakwanira fizi ya munthu mmodzi, ndipo panalibe msonkhano uliwonse wokambirana kuti munthuyo akhale ndani. Zinangodziwika. Iwo ankakhoza masamu kuposa ine. Pa chithunzi cha tsiku la graduation yanga, chimene chapachikidwa pabalaza, ine ndili pakati ndi gauni, iwo ali kumapeto, theka la phewa lawo linadulidwa ndi wojambula. Usiku umenewo ndi pamene ndinazindikira kuti taonera mafilimu awiri osiyana pa foni imodzi.

Sindikuuzani kuti mudane ndi William, kapena kuti amene tinapita kusukulu tiziyenda chozolika. Mnyamatayo anachita chinthu chachikulu, ndipo filimuyi ndi yabwino, ioneni ngati bandulo ikulola. Koma mukamaionera, yesani kamodzi kuchotsa maso pa mnyamata wa makina. Tsatirani Annie kuyambira pamene akulowa mpaka pamene kalata yake ikuwerengedwa. Ndipo mayina akayamba kukwera pamapeto, musatseke msanga. Dikirani mpaka muone lakuti Lily Banda, kuti mawa pofotokozera anzanu musadzatinso ujeni uja.